Mmene Ndinkadzutsira Marauta ku Vubwi

Ana anga, msana wandipumitsa ntchito ndisanakalambe, ndiye nthawi yolemba ndili nayo. Sukulu ndinalekezera giredi sikisi, choncho mukapeza mawu opotoka muwerenge chabe, musaseke. Za ubwana wanga kumudzi ku Mkaika mumazidziwa kale. Pano ndilemba za ntchito, makamaka za chaka chimene kalata yondibwezera ku Katete inabwera ine n'kuikana, iwe Tamanda ukundidikira. Sunandifunsepo bwinobwino chifukwa chake, inenso sindinakufotokozerepo zonse.

Katete, Tamanda ali kumsana

Ntchito yanga yoyamba inali yosesa ndi kukolopa pa sukulu ya luso la manja ku Katete, kumene ankaphunzitsa kusoka, ukalipentala ndi kutayipa. Akulu a sukulu anali a Mwale, munthu wamfupi wokonda kuyendetsa chala pamwamba pa kabati kufuna fumbi. Tsiku loyamba anayang'ana ine, anayang'ana mwana kumsana, n'kunena kuti, "Amake mwana, ameneyo nayenso akufuna ntchito?" Ndinati, "Ayi bwana, ameneyu ndi kapitawo wanga, amaona ngati ndasiya fumbi." Anaseka mpaka kutsokomola, ntchito n'kundipatsa. Kunali kosowa zinthu. Sopo akatha ndinkatsuka ndi phulusa, tsache ndinkachokera nalo kumudzi, ndipo makina otayipira ndinkawachotsa fumbi ndi nthenga ya nkhuku, batani ndi batani. A Mwale sankakalipa. Akapeza fumbi ankangokuonetsa chala chawo, iwe wekha n'kuchita manyazi.

Sinda, Tamanda atayamba sukulu

Ataona kuti sindijomba ananditumiza ku sukulu ina yotere ku Sinda. Iwe Tamanda unatsala ndi bambo ako ku Katete, pakuti malo awo opalira matabwa anali pafupi ndi msika, ndipo ine Lachisanu lililonse ndinkakwera minibasi kubwera kunyumba. Kumeneko ndi kumene ndinaona makompyuta koyamba. Analipo asanu ndi atatu, ndipo akulu athu Mai Sakala anawasokera nsalu zowafunditsa ngati ana obadwa kumene. Ankawavundukula kukabwera alendo basi. Ine anandiuza kuti, "Inu ntchito yanu ndi nsaluzi. Chimene chili pansi pake si chanu." Zaka zinayi ndinachapa ndi kusita nsalu zija, ndipo sindinaonepo ndi tsiku limodzi kompyuta ikuchita kanthu koposa kuyaka ndi kuzima. Ndinkaganiza kuti ndi wayilesi ya kanema yopanda zithunzi.

Vubwi, Mphatso ali ndi miyezi isanu ndi itatu

Kenaka anatsegula sukulu yatsopano ku Vubwi, kufupi ndi malire, n'kunena kuti kukufunika munthu wodziwa kusamala chipinda cha makompyuta. Ndinaseka ndekha, poti chimene ndinkadziwa ine ndi kusita nsalu. Ndinapita ndi Mphatso kumsana. Iwe Tamanda unatsala chifukwa cha sukulu. Ku Vubwi si ku Sinda ayi. Msewu wake nthawi ya dzinja umakudya tsiku lathunthu, ndiye kunyumba ndinkabwera kamodzi pa miyezi iwiri. Chaka chilichonse ndinkalemba kalata yopempha kubwerera ku Katete, chaka chilichonse yankho linali lakuti ndidikire.

Akulu a sukulu anali a Tembo. Magetsi anali a sola. Mphunzitsi wa makompyuta anali a Zulu, bambo wa ku Lusaka woyankhula Chinyanja cha m'tauni, wothamanga pa chilichonse ngati basi ikumusiya. Iwo ankaphunzitsa za netiweki, ndiko kuti mmene makompyuta amatumizirana uthenga. Pa shelufu panali kabokosi kachitsulo kofanana ndi thireyi ya buledi. Ndikukapukuta tsiku lina, a Zulu anati, "Amai, muziba ni chani chamene mwagwira? Ni rauta. Imankhala pamphambano ya nthambo, uthenga ukafika imauuza njira yopita." Ndinati, "Nanga bwanji simuiyatsa?" Anati inapsa ndi mphezi isanafike n'komwe kwa ife, ndipo ngakhale ikanakhala yamoyo, imodzi siphunzitsa munthu kanthu, pafunika zambiri zolumikizana. Ndinafunsa kuti tsono ana awa aphunzira bwanji. Anandiitanira pakona pamene panali kompyuta yaikulu yakuda imene ankaitcha seva. "Manje onani. Ija ya pa shelufu ni thupi chabe. Mzimu wake anthu anaukopa, uli mu fayilo muno. Tingapange marauta yambiri yamene tifuna." Ndinati, "Aphunzitsi, za mizimu musanditchulire, ine ndine wa Chigwirizano." Anati, "Pepani amai, tikambe kuti ubongo."

Zimene ndinaona tsiku limenelo sindidzaziiwala. Pa sikirini panali poyera ngati pepala. A Zulu anakoka kanthu kozungulira ndi mausi n'kukaika pakati, anakoka kachiwiri, kachitatu. Anajambula mizere yolumikiza, akuti ndiye nthambo zake. Anadina koyamba, seva inayamba kupuma mwamphamvu, ndipo panatseguka kawindo kakuda mmene munayamba kuyenda malemba ngati linthumbu. "Ikuuka," anatero. Zitauka zonse analemba mawu, kuuza yoyamba kuti iitane yachitatu. Panatuluka kadontho kamodzi, kenaka timitengo tinayi toimirira. Anati kadontho ndi uthenga wotayika, kamtengo ndi uthenga wopita n'kubwera ndi yankho, ndipo woyamba umakonda kutayika chifukwa umayamba wafunsa kaye kuti nyumbayo ndi iti. Ine ndinagwada n'kusuzumira kuseri kwa seva kufuna nthambo zija. Kunali nthambo ya magetsi ndi ina imodzi basi. Marauta atatu, aliyense ndi dzina lake, aliyense akudziyesa kuti ali yekha m'kabokosi kake ku tauni yake, osadziwa kuti onse ali m'mimba imodzi! Tsiku lonse ndinakolopa ndikulankhula ndekha, mpaka a Tembo anandifunsa ngati mutu ukundipweteka.

Vuto linali lakuti seva ija inali yakale. Phunziro lenileni linkafuna marauta asanu ndi awiri, ndipo a Zulu ankafika mochedwa n'kuwadzutsa onse nthawi imodzi. Seva inkalira ngati chigayo chimene chameza mwala, mausi osasuntha, ophunzira n'kungokhala mpaka dzuwa kufika pamutu. Ine ndinkasesa ndikuyang'ana. Patapita milungu ingapo ndinawauza kuti, "Aphunzitsi, tsiku lija munadzutsa imodzi n'kupita kukamwa tiyi, n'kubwera kudzutsa ina, sizinaume." Anati, "Niziba amai, memori ni ing'ono. Koma ndani ali na nthawi yolindila imodzi-imodzi?" Ndinati, "Ine ndili nayo." Anandiyang'ana nthawi yaitali, kenaka anandikokera mpando.

Kuyambira pamenepo ntchito yanga inasintha ngakhale kuti pa pepala ndinali wosesa yemwe uja. M'mawa ndinkadikira kuti dzuwa lifike pa malata a kalasi ya ukalipentala, chifukwa ukafulumira mabatire a sola amakhala alibe mphamvu. Ndikatero ndinkayatsa seva, n'kudzutsa rauta yoyamba, ya pakati, imene ena onse amadutsirapo. Ndinkasesa mzere umodzi wa mabenchi, n'kubwerera kukadzutsa yachiwiri. Mzere wina, yachitatu. Wotchi sindinkaifuna, tsache ndilo linkandiuza nthawi. Ndikasesa mothamanga seva inkadandaula, ndikasesa bwino, kulowa ndi pansi pomwe, zonse zinkauka zobiriwira pa sikirini, chizindikiro chakuti zili moyo. Pofika ophunzira, chipinda chinali choyera ndipo onse asanu ndi awiri anali maso. Poweruka ndinkazungulira benchi ndi benchi kufunsa kuti, "Mwasunga?" chifukwa rauta ukaizimitsa usanaiuze kuti isunge, m'mawa imauka yosadziwa ngakhale dzina lake. Loweruka ndinkatsegula seva n'kuipopa fumbi ndi pampu ya njinga. A Zulu anandiphunzitsanso kubwezeretsa fayilo ikawonongeka, n'kundipatsa fulashi, kosungira mafayilo konga chala, yokhala ndi ubongo wa marauta onse. Ndinkaimanga pa nsonga ya chitenje. Mphatso ankaifuna kuti aziiluma pomera mano.

Sabata ina ophunzira anasokonezeka. Uthenga wawo sunkafika, unkangozungulira pakati pa marauta atatu mpaka kufa. A Zulu anajambula pa bolodi, anakalipa, anajambulanso, nkhope zonse zili gwaa. Ine ndili pakhomo ndi ndowa ndinati, "Kodi si zija zinachitika pa maliro a malume anga?" Onse anatembenuka. Ndinafotokoza kuti kale kusanabwere mafoni, uthenga wa maliro unkayenda ndi adzukulu pa njinga. A malume atamwalira, mudzi wathu unatumiza ku mudzi wachiwiri, wachiwiri unatumiza ku wachitatu, ndipo wachitatu, posadziwa kumene nkhani yachokera, unatumiza munthu kwathu kudzanena kuti a Banda atisiya. Kwathu a Banda ndi ambiri. Amayi anayambanso kulira poganiza kuti ndi ena, munthu wina n'kukwera njinga kukauza mudzi wachiwiri uja. Kuchokera pamenepo anagwirizana kuti wonyamula uthenga azinena midzi imene wadutsa, ndipo usamabwezedwe kumene wachokera. A Zulu anaponya choko m'mwamba. "Wiki yonse nakhala nikamba ichi chamene! Amai, bwelezani, alembe." Panali wophunzira wina dzina lake Esinati, mayi wa ana awiri wochokera kumalire, amene ankayenda pansi maola awiri kubwera ku sukulu. Iye ndiye anayamba kupeza rauta imene inkabweza uthenga, ndipo timitengo titatuluka anandiombera m'manja ngati ndavina.

Vubwi, chaka chimene Tamanda analemba giredi seveni

Zinthu ziwiri zinafika sabata imodzi. Lolemba a Zulu ananena kuti apeza ntchito ku Lusaka ndipo anyamuka Lachisanu. Lachitatu a Tembo anandiitana mu ofesi n'kundipatsa envulopu. Malo a wosesa anali atapezeka ku Katete, pa sukulu yanga yoyamba ija, ndipo ndinayenera kukayamba mwezi usanathe, apo ayi apatsa wina. Ndinatuluka panja n'kuimba foni nthawi yomweyo. Iwe Tamanda unakuwa mpaka foni kulira m'khutu. Unati, "Amama, ndiye mudzandiperekeza tsiku la mayeso?" Ndinati ndidzakuperekeza mpaka pakhomo pa kalasi.

Koma ophunzira asanu ndi anayi anali atatsala ndi milungu isanu ndi umodzi kuti ayesedwe mayeso a manja, ndipo mphunzitsi watsopano anali woti adzabwera temu yamawa. A Zulu anati aziwathandiza pa foni nthawi ya nkhomaliro, bola labu, chipinda cha makompyuta chija, ikhale yoyaka. Tinayesa kuphunzitsa a Daka, mphunzitsi wa ukalipentala. Munthu wabwino, koma anali ndi kalasi yakeyake yomudikira, ndipo tsiku lachiwiri anati, "Aa, zodikirazi n'za chiyani, si makina awa?" n'kudina marauta onse pamodzi. Seva inauma, iwo n'kuizimitsa pakhoma, ndipo marauta awiri anakana kuukanso. Ndinakhala masana onse ndikuwabwezeretsa ndi fulashi yanga, a Daka ataima kumbuyo kwanga akupepesa ngati aponda mwana. A Tembo anati makiyi a chipinda sangapatse wophunzira, malamulo salola. Anandiuza mosabisa kuti, "Amake Tamanda, sindikukukanizani. Kalata ndi yanu, mwaidikira zaka zambiri. Koma mukapita ndikhoma chipindachi, awa adzalembe chaka chamawa." Ndinapempha kuti a ku Katete andidikire milungu isanu ndi umodzi. Anaimba ine ndili pomwepo. A ku Katete anayankha kuti pali anthu ena pamzere.

Esinati sanandipemphe kanthu. Anangobwera ndikutsuka ndowa, n'kuyamba kundithandiza. Ndinamufunsa ngati chaka chamawa adzabwera. Anati, "Amuna anga anandipatsa chaka chimodzi ichi, ana ali kwa apongozi. Chamawa ndi cha kumunda." Kenaka anaseka n'kuti, "Musadandaule mayi, kulima ndimadziwa."

Ndinganame kuti ndinakhalira Esinati yekha, koma ndalonjeza kulemba zoona. Ndinakhaliranso zinthu zija. Ine amene ndinasita nsalu zaka zinayi osaloledwa kuona chimene chili pansi pake, tsopano m'mawa uliwonse ndinkadzutsa matauni asanu ndi awiri ndi chala chimodzi, n'kumawaona akupezana. Kuganiza kuti chipinda chikhomedwa, ine n'kubwerera ku nthenga ya nkhuku, kunkandiwawa pamtima. Masiku atatu kalata inali m'Baibulo langa. Tsiku lachinayi ndinakaibweza kwa a Tembo.

Bambo anu atamva anati, "Nabanda, mwana uyu mumuuze nokha, ine sindinyamula zimenezi." Anakupatsa foni iwe Tamanda. Ndinafotokoza za mayeso, za Esinati, za a Daka. Unamvetsera mpaka ndamaliza, n'kunena kuti, "Ndamva amama." Unabweza foni kwa bambo ako osatsanzika.

Milungu ija inali yotentha, fumbi lili paliponse. Ndinkanyowetsa thumba la saka n'kulipachika pa windo kuti seva ipume bwino. Nthawi ya nkhomaliro tinkaika foni m'kapu ya chitsulo kuti mawu a a Zulu amveke, ophunzira atazungulira, iwo akukalipa kuchokera ku Lusaka ngati ali pomwepo. Tsiku la mayeso kunabwera woyesa wochokera ku Chipata, mayi wa magalasi. Anapeza marauta onse asanu ndi awiri ali obiriwira n'kufunsa kuti katswiri wa labu ndi ndani. A Tembo analoza ine, tsache lili m'manja. Mayi aja anachotsa magalasi, anawapukuta, n'kuwavalanso. M'chipinda sanandilole kukhala. Ndinakhala pakhonde maola atatu ndikumvetsera kupuma kwa seva, ndipo siinalire ngati chigayo ngakhale kamodzi. Mwa asanu ndi anayi aja anakhoza asanu ndi awiri, Esinati ali momwemo. Pano amalumikiza makompyuta pa chipatala china cha kufupi ndi kwawo.

Sabata yomweyo ndinalandira foni kuchokera kwa a Nambewe, oyandikana nafe nyumba ku Katete. Anati, "Amake Tamanda, mwana wanu wakula. Wabwera kwa ine m'mawa akulira, samadziwa woti amuuze. Ndamusamala, ndawauzanso alangizi a ku tchalitchi." Ndinathokoza kawiri, katatu. Nditadula foni ndinakhala pa ndowa yovundikira. Mayeso ako unakalemba wekha, ndipo tsiku limene mtsikana amafuna amake, unagogoda pakhomo la eni. Malo a ku Katete anapatsa munthu wina, ine ndinakhalanso ku Vubwi zaka zina zinayi.

Vubwi, tchuthi cha chaka chomwecho

Sukulu zitatsekera bambo ako anakukweza galimoto kuti ubwere kwa ine. Unafika wamtali, utavala chitenje, n'kundipatsa moni wogwada ngati ndine mlendo. Masiku awiri unkangosewera ndi Mphatso, ine ukundiyankha "inde" ndi "ayi" basi. Tsiku lachitatu m'mawa, ndikutenga makiyi, unati, "Ndikufuna ndikaone chimene chinakusungani."

Tinalowa. Unakhala pa benchi manja utapinda. Ndinadzutsa marauta anayi, n'kuwalumikiza mozungulira kuti pakhale njira yaifupi ndi yaitali, ndipo ndinauza woyamba kuti aziitana wachitatu osaleka. Timitengo tinayamba kuyenda mzere ndi mzere. Ndinakuuza kuti awa amapatsana moni ndi oyandikana nawo masekondi khumi aliwonse, tsiku lonse, osatopa. Kenaka ndinatseka nthambo ya njira yaifupi. Timitengo tinaima, panayamba madontho. Dontho, dontho, dontho.

"Zafa," unatero.

"Dikira."

"Akudikira chiyani?"

"Moni wa mnzake. Akapanda kuumva kanayi, amadziwa kuti kumeneko kulibe munthu."

Unasendera pafupi. Madontho anapitirira mpaka inenso ndinayamba kukayika. Kenaka, popanda wina kugwira kanthu, timitengo tinabwerera. Uthenga unali utapeza wokha njira yaitali ija. Ndaona zimenezi kambirimbiri, koma mpaka lero tsitsi limandinyerenyetsa.

Unayang'ana sikirini nthawi yaitali. Unati, "Ndiye akachedwa kuyankha, mnzake amapita kwa a Nambewe."

Kenaka unaloza nthambo yotseka ija n'kufunsa.

"Nanga mukabwezera nthambo, amabwerera njira yakale?"

"Amabwerera. Koma si pomwepo. Amayamba apatsana kaye moni, kenaka amauzana zonse zimene zachitika."

Unatambasula dzanja, ine n'kukusiyira mausi. Unafunsa podina, ndinakulozera. Unabwezera nthambo ija wekha, ndipo tinakhala awiri pa benchi imodzi, mapewa atagundana, tikudikira.